Zingwe Zinayi za Zenera la Nambala 14

Turffontein, Johannesburg
Lamulungu, 12 Febuluwale 2006

Kwa akazi anga, amake Dora,

Ndikupereka moni kwa inu ndi kwa onse a kwathu kwa Mphuka, makamaka alamu anga amene akuyang'anira mbuzi. Ndikhulupirira kalata ino ikupezani muli ndi mphamvu. Ine ndili bwino, kupatula bondo lakumanzere limene mbiri yake mukuidziwa.

Kalata yanu ya pa Khirisimasi ndaiwerenga kanayi. Zambiri ndi za mvula ndi nandolo, koma mzere wa kumapeto ndi umene wandikhazika pansi lero. Munati dzuwa la m'mawa likumakubayani m'maso ndipo mukumadzuka misozi ili chuchuchu. Munalemba ngati nkhani yopanda pake. Ine sindinaione choncho.

Mukudziwa kuti zaka zisanu ndi ziwiri zimene ndakhala kuno ndimagwira ntchito m'sitolo ya mayi Kate, yosoka makatani ndi kukawaika m'nyumba za anthu. Mwezi wathawu kunafika katundu watsopano amene ndikufuna mumumvetse bwino. Ndi chotchinga pazenera chimene kuno amachitcha bulayindi: nsalu yokhuthala yokulungidwa pa ndodo yachitsulo, yotsika ndi kukwera mukakoka kachingwe kake. Akale tinkawamanga ndi masikuluu. Atsopanowa ayi. M'kati mwa ndodo muli sipuling'i. Mukaipanikiza imafupika, mukailowetsa m'felemu ya zenera n'kuisiya, imatambasuka yokha n'kugwira matabwa a mbali zonse ziwiri. Sipafunika msomali, sipafunika chiboolero, pakhoma sipatsala bowo ngakhale limodzi.

Tsiku limene ndinaiona koyamba ndinatuluka panja n'kukakhala pa bokosi. Mayi Kate anafunsa ngati ndadwala, ndinati ayi. Ndikanawafotokozera bwanji kuti chinthu ichi chikanakhalapo mu 1996, ine Everson Nakhumwa ndikanamaliza zaka makumi atatu monga kalipentala wa esiteti, n'kulandira satifiketi yanga pamaso pa anthu monga anzanga onse? Mabowo anayi, amake Dora. Mabowo anayi pamwamba pa zenera la kuchipinda, m'nyumba ya kampani Nambala 14, opachikapo katani kuti othyola tiyi odutsa m'kanjira asamakuoneni mukuvala. Douglas, kalaliki wa nyumba, munthu amene tinkadya naye m'mbale imodzi, analemba kuti ndawononga dala katundu wa kampani. Anandichotsa ntchito kutatsala miyezi inayi kuti zaka makumi atatu zija zikwane. Makalata khumi ndi imodzi odandaula amene ndalemba sanayankhidwe, ndipo makope ake ndikusunga.

Tsopano mverani. Ndikufuna ndikudulireni bulayindi ya zenera la kuchipinda kumene mumagona. Miyeso ya mazenera a nyumba yathu ili m'kabuku kanga, popeza ndinawapanga ndekha, koma thabwa limasintha ndi mvula, ndipo sindidula kanthu ndi muyeso wa zaka khumi zapitazo. Tengani ulusi wosokera matumba a feteleza, osati woluka majuzi chifukwa umatamuka. Konzani zingwe zinayi. Pa choyamba mangani mfundo imodzi, chachiwiri ziwiri, chachitatu zitatu, chachinayi musamange. Mfundozo mumange musanayeze, apo ayi chingwe chifupika. Yezani m'lifupi, m'kati mwa felemu: cha mfundo imodzi pamwamba, cha ziwiri pakati, cha zitatu pansi. Chopanda mfundo ndi cha kutalika. Dulani ndi lezala. Mupereke kwa a Vailet akamabwera kudzapikula katundu wawo wa malonda mwezi wamawa.

Za Dora musandilemberenso. Anasankha yekha kukwatiwa ndi Ben, mwana wa Douglas, akudziwa zonse. Zakuti kwabadwa mwana ndamva, ndipo ndamva basi.

Ndine mwamuna wanu,
E. Nakhumwa


Turffontein
Lamulungu, 19 Malichi 2006

Amake Dora,

Moni. Ndikhulupirira mwadzuka bwino. Ine ndilipo.

A Vailet afika Lachinayi ndi kalata yanu pamodzi ndi makaka amene munatumiza. Ndathokoza. Ndaphika theka, enawo ndasunga m'chitini. Koma zingwe mulibe. Ndinagwedeza envelopu, ndinayang'ana m'thumba la makaka, ndinawafunsa a Vailet ngati zinagwera m'chikwama chawo. Iwo anangoseka, amvekere, "Ankolo, inu muli ku Joni koma mukufuna kutchinga dzuwa la ku Thyolo. Kodi dzuwalo munalipatsa notisi?" Ndinawauza kuti nkhani ya maso si yoseketsa. Kuseka kunatheratu pomwepo, iwo n'kuyamba kufunafuna chinachake m'chikwama chimene sanachipeze.

Chinthu chachiwiri. Kalatayo siyolembedwa ndi dzanja lanu. Inu chilembo cha g mumachisiya chotseguka pansi. Amene walembayu amachitseka ndi kuchipinda, monga ndinamuphunzitsira ine ali Sitandade 2, pa tebulo la m'khitchini. Sindifunsa chifukwa chake akubwera kwa Mphuka kudzakulemberani makalata. Mayi ndi mwana wake sindingawaletse kuonana. Ndikungofuna mudziwe kuti ndaona.

Mwalemba kuti zingwe mutumiza "zinthu zikakhazikika". Ndi zinthu zanji zimene sizinakhazikike? Zenera silithawa. Ntchito yake ndi ya mphindi khumi. Ngati maso sakukulolani kuona polekezera felemu, uzani alamu akuthandizeni, koma muwayang'anire, chifukwa iwo amayeza chilichonse ndi chikhatho.

Nsalu ndasankha kale, yobiriwira modera ngati tsamba la tiyi lokhwima, yosalola kuwala kudutsa. Mayi Kate andipatsa chidutswa chotsala ku ntchito ya hotela ina. Chili pansi pa bedi langa, chokulungidwa m'nyuzipepala.

Mvula ikatha, auzeni alamu akwere padenga aone lata lachitatu kuchokera kukhomo. Nthochi za kumunsi kwa dimba azichotse ana, asiye atatu pa phata lililonse.

Sabata yatha ndinalakwitsa kudula ndodo ya kasitomala wina ndi mamilimita anayi. Mpeni wa makinawo ndi wakale. Ndawauza mayi Kate kuti aunoletse.

Ndine mwamuna wanu,
E. Nakhumwa


Turffontein
Lamulungu, 23 Epulo 2006

Amake Dora,

Moni ndikupereka chifukwa ndi mwambo. Za umoyo wanga lero sindilemba.

Zingwe zafika. Amene anayeza anatsata malangizo onse, mfundo zili m'malo mwake, podula ndi pa lezala. Ndinaziyala pa tebulo la kuntchito nthawi ya nkhomaliro n'kutenga tepi yoyezera. Cha mfundo zitatu, mainchesi 36. Cha mfundo ziwiri, 35 ndi makota atatu. Cha mfundo imodzi, 35 ndi hafu. Chopanda mfundo, 48.

Zenera la kuchipinda kwathu kwa Mphuka ndi 30 m'lifupi, 36 kutalika. Poyamba ndinaganiza kuti mwalakwitsa. Ndinayezanso kawiri. Kenako ndinakhala pansi.

Mazenera a 36 kwa 48 ndi a nyumba za masitafu pa esiteti. Ndinapanga oposa mazana awiri, ndingathe kuwadula maso ali chitsinzire. Koma zenera lopanikizika pamwamba ndi hafu inchi lilipo limodzi lokha pa esiteti yonseyo, ndipo ndinagona pansi pake zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi. Mukugona m'Nambala 14.

Dzulo ndinapita kokwerera mabasi kukawapeza a Vailet asananyamuke. Ndinaika zingwezo pamwamba pa katundu wawo. Anaziyang'ana, anandiyang'ana, n'kunena kuti, "Ankolo, ine ndimanyamula katundu, nkhani sindinyamula, zimalemera." Ndinati, "Akazi anga ali kuti?" Iwo amvekere, "Ndiye ife tabisa miyezi iwiri, inu mwadziwa ndi ulusi wa thumba la feteleza?" Atatero anandiuza zonse. Kuti maso onse awiri achita ng'ala. Kuti diso limodzi anakuchitani opaleshoni ku Blantyre m'Malichi, masiku omwewo ine ndikukulemberani za lata ndi nthochi. Kuti pakufunika mankhwala odontheza kanayi pa tsiku ndi kuonana ndi a chipatala sabata iliyonse, ndiye Dora anakutengani. Kuti Ben tsopano ndi kalaliki wa m'fakitale, ndipo nyumba imene kampani inamupatsa ndi yomweyo imene anatitulutsamo katundu ali pa thirakitala, anthu akuonerera.

Ndinafunsa chifukwa chimene simunandiuzire. A Vailet anati munanena kuti, "Akamva adzandiuza kuti ndibwerere kumudzi."

Munanena zoona. Bwererani kwa Mphuka. Mankhwala odontheza angathe kukudonthezani alamu, ndipo ya minibasi yopita kuchipatala ndizitumiza. Tsiku lija pa geti la esiteti ndinalumbira inu mukumva kuti phazi langa silidzapondanso m'kati mwa mpanda umenewo, ndipo munagwira mkono wanga. Ndinkayesa tinalumbira tonse.

Bulayindi ya Nambala 14 sindidula. Dzanja langa linagwira ntchito yomaliza m'nyumba imeneyo, ndipo malipiro ake munawaona. Mukafika kwathu mutumize zingwe zina.

E. Nakhumwa


Turffontein
Lamulungu, 28 Meyi 2006

Amake Dora,

Moni. Ndikhulupirira diso likupola. Ine ndili bwino, kungoti kuno kwayamba kuzizira, kuzizira kouma kosiyana ndi chiperoni cha kwathu. Milomo ikung'ambika.

A Vailet abwera ndipo apita. Anandipatsa moni wa pakamwa wochokera kwa alamu. Kalata panalibe. Ndinawafunsa ngati mwina inatsala m'chikwama china, anati chikwama ali nacho chimodzi.

Ndatumiza bulangete ndi sikafu. Sikafuyo muzifunda kumutu popita kuchipatala.

Kuntchito zasintha pang'ono. Mayi Kate aganiza kuti ndizikhala m'sitolo kulongedza maoda, kokwera makwerero kuzipita ena. Akuti ndi chifukwa cha bondo. Sindinatsutse. Kapu ya tiyi masiku ano ndimaigwira ndi manja awiri, chifukwa cha kuzizira komweku. Lachitatu apolisi anatiimitsa pokwerera matakisi kufuna mapepala. Zinatha bwino, musadandaule nazo.

M'chipinda changa muno ndinaika bulayindi yotsala kuntchito, popeza mwini nyumba nayenso salola msomali. Ndimaitsitsa dzuwa likapendeka, ndimaikweza m'mawa. Zeneralo limayang'ana khoma la galaja, palibe amene angasuzumire, koma ndimatero ndithu. Lero pochokera kutchalitchi ndinawerenga kuti patha miyezi isanu ndi inayi chimwalirire mkulu uja wa ku Goliati amene ankagulitsa zipatso pakona. Ndiye yekha amene ankandipatsa moni wa m'mawa wa Chilomwe, mosheliwa, ngakhale masana. Chichokereni iye palibe wandifunsa m'chinenero chathu ngati ndadzuka.

Zingwe zanu ndazikoloweka pa chogwirira cha chitseko. Sindinazitaye chifukwa ndi ulusi wabwino.

Ngati simungathe kulemba, uzani amene amakulemberaniyo alembe mizere iwiri yokha.

Ndine mwamuna wanu,
E. Nakhumwa


Turffontein
Lamulungu, 2 Julayi 2006

Amake Dora,

Moni kwa inu. Ndamva kuti diso lachiwiri adzalichita m'Okutobala. Mulungu akhale nanu. Ine ndilipo.

Ndinapempha mizere iwiri, ndalandira masamba atatu, ndipo si anu. Popeza sindikudziwa ngati mwana wanu anakuwerengerani zimene analemba asanamate envelopu, ndikopera pano zina mwa izo kuti mudziwe mmene amalankhulira ndi bambo ake.

"Ababa, makalata anu onse ndimawawerengera ndine, mzere uliwonse, ngakhale uja woti asakulembereni za ine. Sindidumpha. Amayi sanayankhe chifukwa akuti alibe choyankha. Kumudzi sabwerera mpaka adokotala atanena. Zingwe ndinayeza ndine. Amayi anakana masabata asanu, ankati mudzadziwa. Ine ndinati ulusi sulankhula. Ndinaiwala kuti ndinu ndani."

Akupitiriza kuti zenera lija limalandira dzuwa kuyambira likangotuluka mpaka cha m'ma teni, zimene ndikuzidziwa. Akuti nthawi yonseyo mumagona mutayang'ana kukhoma, nsalu ili kumaso. Akuti amapanikiza chitenje pa chitseko cha zenera koma mphepo ikawomba chimagwa, ndipo kuwala kukakufikani mwadzidzidzi mutu umakupwetekani tsiku lonse. Akuti Ben anabwera ndi misomali iwiri ndi hamala, inu n'kumuletsa kuti, "Bambo, bwezani hamalayo. Nyumba ino inatidya kale kamodzi." Lamulo loletsa kuboola makoma a kampani likadalipo, ndipo mabowo anga anayi akuonekabe pansi pa laimu, otsekedwa ndi simenti ya mtundu wina.

Izi ndaziwerenga.

Chimene ndikufuna kuyankha ndi tsamba lachitatu. Akuti Douglas, amene tsopano anapuma ntchito ndipo akuyenda ndi ndodo, anabwera kudzakuzondani. Atamva za bulayindi anati, "Muwauze a Nakhumwa asadule molingana. Zeneralo ndi lopanikizika pamwamba ndi hafu inchi, mbali ya kumanzere. Ndinaliona mu 1971 tikulandira nyumbazi, ndinalemba kuti zonse zili bwino." Ndipo akuti anawonjeza kuti tsiku la mabowo sanali yekha, bwana wamkulu anali naye m'chipindamo ndipo ndi amene analoza khoma.

Tsono ndimuthokoze? Bwana analoza khoma, inde, koma mawu oti "dala" anawasankha ndani? Cholembera chinali m'dzanja la yani? Akanatha kulemba kuti kalipentala anapachika katani. Zaka khumi zapita, sanabwere kwa Mphuka ngakhale kamodzi kudzanena zimene wanena kwa Dora. Munthu amene wasunga chinsinsi chako zaka makumi atatu ndi zisanu n'kukugwetsa pa mabowo anayi, ine sindikudziwa pomuika. Ndakhala ndikuyesa sabata yonse.

Chitenjecho auzeni achipinde kawiri ndipo achipanikize ndi kapepala kolimba ku mahinjesi. Chizigwa pang'ono.

Ndine mwamuna wanu,
E. Nakhumwa


Turffontein
Lamulungu, 13 Ogasiti 2006

Amake Dora,

Moni. Ndikhulupirira mukupezako bwino. Ine chifuwa chinandigwira masabata awiri, tsopano chasiya.

Pali nkhani imene sindinakuuzenipo, ndipo popeza Douglas waiyamba, ndi bwino muimve kwa mwini wake. Mu 1971 ndinapatsidwa mafelemu a nyumba khumi ndi ziwiri, ntchito yanga yoyamba popanda wondiyang'anira. Pa felemu yomaliza ndinadula thabwa la pamwamba lalifupi ndi hafu inchi. Matabwa a mkungudza anali owerengeka, lina panalibe. M'malo mokanena, ndinapendeketsa thabwa la kumanzere, ndinapala chitseko cha zenera kuti chilowe, ndinamata mipata ndi puti n'kubisa ndi penti. Mu 1980 atandiuza kuti ndisankhe nyumba, munadabwa kuti ndasiya Nambala 9 ya pafupi ndi mpopi n'kutenga 14 ya m'mbali mwa kanjira. Ndinakuuzani kuti kuli mphepo yabwino. Zoona zake ndi zakuti sindinkafuna munthu wina azigona pansi pa zenera limenelo n'kuliona. Madzi munatunga kutali zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi chifukwa cha hafu inchi yanga. Ndipo kanjira kaja, kamene kanafuna katani, ndinakasankha ndine.

M'makalata khumi ndi imodzi aja ndinalemba kuti pa zaka zonse sindinalakwitsepo ntchito ya kampani. Chiganizo chimenecho chili m'kalata iliyonse. Izi sizikusintha zimene Douglas analemba. Ndikungolongosola kuti mbiri ikhale yokwanira.

Bulayindi ndadula. Ndodo yoyamba ndinaiwononga, ndipo mpeni unali wonoledwa. Yachiwiri ndinapempha mayi Kate agwire tepi ine ndikudula. Anagwira. Titamaliza anati, "Everson, iyi ndi ya ndani?" Ndinati ndi ya akazi anga. Anati, "Zaka zonsezi mwatchinga mazenera a Joni yense, a kwanu ayi?"

Koma pali vuto. Ndodo iyenera kulowa pamwamba, pamene pali 35 ndi hafu, ndipo nsalu singapose ndodo yake m'lifupi. Ikatsika, kumanzere kutsala mpata woyamba ngati ulusi pamwamba n'kukula mpaka hafu inchi pansi. Kwa munthu wa maso abwino si kanthu. Kwa inu ndi mpeni wa kuwala wolunjika pa pilo, chifukwa bedi m'chipindamo lilibe pena pokhala. Mankhwala ake ndi kathabwa kopyapyala, kosongoka kumwamba, kolowa mothina pakati pa thabwa la pamwamba ndi la pansi kuti katseke mpatawo popanda msomali. Ndakakonza, koma ndakasiya konenepa. Kayenera kupalidwa pamalo pomwepo, pang'onopang'ono, uku mukuyesa.

Ndinalemba malangizo masamba anayi oti a Vailet apatse Ben, ndi zojambula. Ndinawawerengera a Vailet kokwerera mabasi kuti ndione ngati akumveka. Tili pa tsamba lachiwiri anandigwira mkono, amvekere, "Ankolo, a Ben ndi munthu wa bolopeni. Pulena sanaigwirepo. Akapala mopitirira, kathabwa kena akakatenga kuti? Inu mukudziwa amene angaike chinthu ichi, mukungofuna ine ndinene." Ndinawauza kuti asamale katundu wawo. Phukusi sindinawapatse. Lili pano, latsamira khoma.

Ndine mwamuna wanu,
E. Nakhumwa


Turffontein
Lamulungu, 10 Seputembala 2006

Amake Dora,

Moni kwa inu ndi kwa onse a m'nyumba imene mukukhalamo. Ndikhulupirira mwadzuka bwino. Ine ndadzuka.

Kalata ino ibwera ndi a Vailet Lachiwiri. Ine ndinyamuka Lachiwiri linalo, pa 19, ndipo basi ikayenda bwino ndidzafika Lachinayi masana. Mayi Kate andipatsa mwezi umodzi. Ananena mawu ena okhudza za pambuyo pa mweziwo, amene tidzakambirana pamaso. Chipinda ndabweza kwa mwini wake. Bulayindi ya muno ndaichotsa, ndipo mwini nyumbayo anayendera khoma lonse ndi chala osapeza ponena.

Ndanyamula pulena yaing'ono, sikweya, tepi ndi phukusi lanu. Makope a makalata aja ndanyamulanso. Sindinaganize chochita nawo.

Pasakhale kusamvetsetsana. Sindikubwera kudzakhululukira munthu. Douglas akafuna kubwera abwere, mpando mumupatse, ndidzamva zimene adzanene ndipo ndidzayankha zimene ndidzayankhe. Lumbiro langa la pa geti ndikulikumbukira mawu ake onse. Ndaliyeza mbali zonse masabata anayi kufuna mpata woti ndidutsire, ndipo mulibe. Ndidzangoliphwanya basi. Ndinalumbira inu mukumva, n'chifukwa chake ndikukuuzani inu poyamba.

Tsopano, Dora. Popeza ndiwe ukuwerenga, ndipo wanena kuti sudumpha mzere, werenga uwunso mokweza. Unayeza bwino. Pa anthu onse amene ndagwira nawo ntchito kuno, palibe amene akanatenga kota inchi ya pakati ija ndi ulusi wa thumba. Uwauze amuna ako, a Ben, akalembetse dzina langa kwa alonda a pa geti, kuti ndisakaime pamenepo nthawi yaitali ndikufotokoza kuti ndine yani. Pa chifukwa cha ulendo alembe kuti kudzaona odwala. Hamala asabwereke kwa wina aliyense. M'masamba ako atatu aja sunatchule dzina la mwana, ndipo ine sindinafunse. Uwauze a Vailet, adzandipeza ku Limbe pokwerera minibasi, kuti ndikafike pakhomo ndikulidziwa.

Bedi mulisunthe pang'ono Lachinayi m'mawa kuti ndikapeze poima, ndipo pansi muyale nyuzipepala chifukwa cha zopalidwa. Ntchito yake ndi ya ola limodzi ngati manja andilola, awiri ngati sandilola. Udzandigwirira tepi.

Amake Dora, Lachisanu dzuwa likamatuluka mudzatembenukire kuzenera.

Ndine mwamuna wanu,
Everson